Aneretva a ku Pagania: anachokera kuti, nanga anakhazikika bwanji pakati pa Cetina ndi Neretva?

aMbewe:
Akuluakulu, tiyeni tiunikepo nkhani ya fuko lija la m'mphepete mwa nyanja ya Adriatic, lomwe a ku Constantinople ankalitchula kuti Pagani kapena Arentani, a ku Venice n'kumati Narentani. Ife tingoti Aneretva, potengera mtsinje wa Neretva. Mabuku ambiri amangoti linali fuko la Aserbia lomwe linafika m'nthawi ya Heraclius, mfumu ya Byzantium (ufumu womwe likulu lake linali Constantinople), basi n'kupitirira. Funso langa lili pawiri. Mawu amenewa atsamira pa umboni uti? Nanga anthu ochokera kumtunda, kutali ndi nyanja, zinatheka bwanji kuti pomafika zaka za m'ma 830 akhale akuopedwa ndi amalonda a ku Venice?

Nachisale:
A Mbewe, umboni wake ndi umodzi. Ndi buku lomwe mfumu ya Byzantium Constantine VII Porphyrogenitus anakonzera mwana wake Romanos cha pakati pa 948 ndi 952. Lero limadziwika kuti De Administrando Imperio, koma dzinali si la mwini wake, analipatsa ndi Johannes Meursius polisindikiza mu 1611. Linalembedwa m'Chigiriki, ndipo kope lakale kwambiri lomwe lilipo ndi la zaka za m'ma 1000, losungidwa ku Paris. Za Asilavo a ku Dalmatia, dera la kum'mawa kwa nyanja ya Adriatic, zili m'mitu 29 mpaka 36.

Mutu 32 ndi umene ukulongosola ulendo. Akuti kwawo kwa Aserbia kunali dziko lomwe iwo ankalitcha Boiki, kuseri kwa dziko la Ahangare, moyandikana ndi Afulanki ndiponso Acroatia Oyera. Mfumu yawo itamwalira inasiya ana aamuna awiri. Mmodzi anatenga theka la anthu n'kukapempha malo kwa Heraclius, amene anawaika m'chigawo cha Thessalonica, pamalo omwe anadzatchedwa Serblia. Ndi tauni ya Servia ya lero, kufupi ndi Kozani kumpoto kwa Greece. Patapita nthawi anaganiza zobwerera kwawo, mfumu inawalola, koma atawoloka Danube anasintha maganizo. Anatumiza uthenga kudzera kwa mkulu wa asilikali wa ku Belgrade kupempha malo ena, ndipo anapatsidwa maiko omwe anasiyidwa mabwinja ndi ma Avar (fuko la ankhondo lomwe linkakhala m'dera la Hungary ya lero): Serbia, Pagania, Zachlumia, Travunia ndi Konavle.

Mutu 36, wa Pagania weniweniwo, ndi waufupi kwambiri. Ukuti anthu a kumeneko ndi zidzukulu za Aserbia osabatizidwa a m'nthawi ya mtsogoleri uja anathawira kwa Heraclius. Chiganizo chimenechi ndicho mzati wa nkhani yonse. Heraclius analamulira kuyambira 610 mpaka 641, bukulo ndi la cha m'ma 950. Pakati pali zaka 300.

aGondwe:
Mayi Nachisale mwalongosola bwino. Ine ndiwonjezere ming'alu yomwe ili m'nkhani ya ulendoyo, chifukwa munthu akaiona sangawerengenso mutu 32 ngati lipoti la mboni.

Chigawo cha Thessalonica monga dera lolamulidwa ndi mkulu wa asilikali chinakhazikitsidwa m'zaka za m'ma 800, osati m'masiku a Heraclius. Dzina loti Belgrade likuyamba kuoneka m'kalata ya Papa John VIII ya mu 878. M'zaka za m'ma 600 mzindawo unali Singidunum. Choncho wolembayo anaveka nkhani yakale maina ndi maudindo a m'nthawi yake. Ndiye taganizirani ulendowo: kuchoka ku Servia kukafika ku Danube ndi makilomita oposa 500, n'kutembenukanso kulowera kumapiri a kumadzulo, muli ndi akazi, ana ndi ziweto, ma Avar ali pafupi. Zikuoneka kuti wolembayo ankadziwa za tauni yotchedwa Servia, ndipo anafuna kuti dzina lake lilowe m'nkhani.

Chinanso, nkhani ya Acroatia m'mutu 31 yaumbidwa pa chikombole chomwecho: anachokera kumpoto, anapempha chitetezo kwa Heraclius, anapatsidwa malo, anabatizidwa ndi ansembe ochokera ku Rome. Buku lolangiza mwana wa mfumu za maiko akunja lili ndi chifukwa chonenera kuti mafuko onsewa anakhala pamalopo mwa chilolezo cha Byzantium. Ndiwo maziko ouzira Abulgaria ndi Afulanki kuti anthuwa ndi athu kuyambira kale.

aChirwa:
Pepani a Gondwe, musagwetse nyumba yonse chifukwa cha ming'alu. Pali umboni wina wosadalira Constantine. Mbiri yakale ya Afulanki yodziwika ndi dzina la Fredegar ikutchula Dervan, mtsogoleri wa fuko la Surbi, amene cha mu 631 anasiya Afulanki n'kukagwirizana ndi Samo, mfumu ya Asilavo. Dervan anali kumpoto, dera la mitsinje ya Saale ndi Elbe, ndipo mpaka lero Asorb akukhala ku Lusatia, ku Bautzen ndi Cottbus, akudzitcha ndi dzina lomwelo. Kum'mwera nako, zolemba za chaka ndi chaka za mafumu a Afulanki zikuti mu 822 Ljudevit, mtsogoleri wa Asilavo amene anaukira Afulanki, atathawa ku Sisak anapita kwa Sorabi, mtundu womwe akuti unali ndi gawo lalikulu la Dalmatia. Apa n'kuti kudakali zaka zoposa 120 kuti Constantine alembe. Dzina limodzi kumpoto ndi kum'mwera, pa nthawi yoyenera. Nkhani ya abale awiri ogawana anthu sinangopekedwa mumlengalenga.

Tibor Živković, katswiri wa ku Belgrade, anafika ponena kuti mitu imeneyi inatengedwa m'chikalata chakale cha Chilatini cha kumapeto kwa zaka za m'ma 800 chomwe chinatayika. Ngati anali kulondola, mpata wa zaka 300 uja ukuchepako.

aGondwe:
Zoti dzina la Aserbia linalipo kumpoto ndi ku Dalmatia sindikutsutsa, achimwene. Chomwe ndikukana n'kulumpha kuchoka pamenepo kukafika poti asodzi a ku Makarska ndi abusa a pa chilumba cha Brač ankadzitcha Aserbia. Dalmatia ya Afulanki ndi chigawo chakale cha Aroma, chomwe chinkalowa mkati kwambiri mpaka kupitirira mtsinje wa Drina. Munthu wothawa ku Sisak sayenera kufika kunyanja kuti akhale ali mu Dalmatia.

Nachisale:
Onse awiri muli ndi mfundo, koma yang'anani chomwe bukulo likuchita lokha. Mutu 30 ukufotokozanso Pagania, mwatsatanetsatane kuposa mutu 36, koma osatchula zoti anthuwo ndi ochokera kwa Aserbia. Akatswiri ambiri amaona kuti mutu 30 unalembedwa ndi munthu wina n'kulowetsedwa pambuyo pake. Mutu 29 nawo umawandandalika mafuko paokhapaokha: Acroatia, Aserbia, a ku Zachlumia, a ku Travunia, a ku Konavle, a ku Dioclea ndi Apagani.

Ndiye pamene pagona nkhani ndi apa. M'mutu 32 momwemo tikuwerenga kuti mkulu wa asilikali wa ku Dyrrhachium, Leo Rhabdouchos, anakakumana ndi Petar Gojniković, mfumu ya Serbia, ku Pagania, ndipo wolemba akuwonjezera kuti pa nthawiyo dzikolo linali m'manja mwa mfumu ya Serbia. Michael wa ku Zachlumia anachita nsanje, n'kukaulula kwa Simeon wa ku Bulgaria kuti Petar akupangana ndi Byzantium. Izi zinali pafupi ndi nkhondo ya ku Anchialos ya pa 20 Ogasiti 917, ndipo mapeto ake Petar anagwidwa n'kukafera m'ndende ku Bulgaria. Tsono pamene akuluakulu a ku Constantinople ankasonkhanitsa malipoti awo, Pagania inali italamulidwapo ndi Serbia chaposachedwa. Mawu oti "pa nthawiyo" akusonyeza kuti sizinali choncho nthawi zonse. N'zosavuta kuti ulamuliro wa mu 917 usandulike chibadwidwe cha mu 630 pa cholembera cha mlembi.

Michael yemweyo ndi chitsanzo china. Mutu 33 ukuti anthu a ku Zachlumia ndi Aserbia, komanso ukuti banja la Michael linachokera kwa osabatizidwa a kumtsinje wa Vistula otchedwa Litziki. Banja lolamulira linali ndi mbiri yakeyake ya kumene linachokera, yosiyana ndi ya abale awiri aja.

Naphiri:
Ndilowepo ndi za pansi pa nthaka, poti zolembedwa mwazipeta mokwanira. Kumene Asilavo oyambirira anakhala kumpoto kwa Danube, ofukula zakale amapeza zinthu zitatu pamodzi: tinyumba tokumbidwa pansi pang'ono, ta mamita atatu kapena anayi mbali iliyonse, tokhala ndi ng'anjo ya miyala pangodya, mbiya zoumba pamanja zopanda zokongoletsa, zomwe amazitcha za mtundu wa Prague, ndi manda a mitembo yowotchedwa, phulusa lake n'kuikidwa mumphika kapena m'kadzenje. Ku Dalmatia zitatuzi sizipezeka pamodzi kawirikawiri. Manda a phulusa apezekako pang'ono kumpoto, monga ku Kašić kufupi ndi Zadar ndi ku Dubravice kufupi ndi Skradin, ndipo zaka zake amakanganirana.

Zifukwa zake n'zomveka. Nthaka ya kugombeko ndi mwala wa laimu, sungakumbe nyumba pamenepo, ndiye obwera anamanga ndi miyala ngati eni dera kapena analowa m'mabwinja a Aroma. Phale la mbiya youmba pamanja la mu 650 silisiyana kwenikweni ndi la mu 800, kapena ndi la mlimi wolankhula Chilatini amene anasiya kugula mbiya za pamsika. Ndalama zachitsulo, zomwe zimathandiza kudziwa zaka, zinasiya kufika m'derali pambuyo pa Heraclius. Cholakwika chomwe chimachitika kawirikawiri n'chakuti wofukula amatenga chaka m'buku la Constantine n'kuchimata pa phale, kenako wolemba mbiri amatenga phalelo ngati umboni woikira kumbuyo Constantine. Akatswiri Florin Curta ndi Danijel Dzino alemba kwambiri zotsutsa kazunguliredwe kameneka.

Komabe anthu anabweradi, ndipo ambiri. Kafukufuku wa DNA ya mafupa akale wofalitsidwa mu 2023 m'magazini ya Cell anapeza kuti pakati pa 30 ndi 60 peresenti ya chibadwa cha anthu a ku Balkan lero inachokera kwa obwera a kum'mawa kwa Ulaya a m'nthawi imeneyo. Koma fupa silinena kuti mwini wake ankadzitcha Mserbia, Mcroatia kapena wa ku Neretva.

aMbewe:
Zikomo mayi. Ndiye tinene kuti anali Asilavo osakanikirana ndi eni dera. Nanga malo enieniwo anali ati? Ndikufuna malire ndi midzi.

Nankhoma:
Malire ndi omveka bwino, a Mbewe, ndipo apa Constantine ndi wodalirika chifukwa akunena za m'nthawi yake. Kumpoto chakumadzulo ndi mtsinje wa Cetina, womwe umathira m'nyanja pa Omiš. Kutsidya kwake ndi Croatia. Kum'mwera chakum'mawa ndi Neretva. Kutsidya kwake ndi Zachlumia. Pamsewu wa kugombe wa lero ndi makilomita pafupifupi 90.

Dzikolo linali ndi zigawo zitatu zomwe Asilavo ankazitcha župa: Rastotza, Mokros ndi Dalen. Ziwiri zoyambazo zinali kunyanja ndipo zinali ndi zombo. Dalen inali kumtunda, anthu ake ankadalira khasu. Mizinda yokhalamo anthu inali inayi: Mokron, Beroullia, Ostrok ndi Slavinetza. Zilumba zinayi: Korčula, Mljet, Hvar ndi Brač. Vis ndi Lastovo akuzitchula kuti sizinali zawo.

Pofuna kupeza malo amenewa pamapu pali njira yake. Choyamba, werengani zilembo za Chigiriki monga ankazitchulira m'zaka za m'ma 900: beta ndi v, osati b, choncho Beroullia ndi Verulja, Vrulja ya lero, kagombe ka pakati pa Omiš ndi Brela komwe akasupe amatumphukira pansi pa nyanja. Chachiwiri, tz akuimira c kapena č wa Chisilavo, ndiye Rastotza ndi Rastoca, mawu onena za pamene madzi amagawikana. Chachitatu, chotsani mchira wa Chigiriki: Mokron ndi Mokro, ndiyo Makar, kamudzi ka pamwamba pa Makarska. Chachinayi, onani dongosolo la mndandanda ndi mtunda weniweni: Ostrok ndi Zaostrog, ndipo Slavinetza ambiri amaiika pa Gradac. Amene amalakwitsa ndi omwe amangosaka dzina lofanana kamvekedwe paliponse pa mapu. Dalen yavutitsa anthu chifukwa chomwecho: ena amaikokera ku Duvno, Delminium wakale, pomwe ena amati kumeneko n'kutali kwambiri ndipo amaifuna pafupi ndi gombe.

Maina omwewa akuyankhanso funso lakuti kodi obwerawo anapeza dziko lopanda anthu. Ayi. Brač ndi Brattia wa Aroma, Mljet ndi Melita, Makar ndi Muccurum, komwe msonkhano wa mabishopu wa ku Salona unakhazikitsa bishopu mu 533. Hvar ndi Pharos, mudzi womwe Agiriki a ku Paros anamanga cha mu 384 Yesu asanabadwe. Asilavo analibe f m'chilankhulo chawo, ndiye anaikapo hv. Neretva yeniyeniyo ndi Naro kapena Narenta. Dzina la mtsinje kapena la chilumba sulitola pansi, umalimva pakamwa pa munthu amene wam'peza pamalopo.

Nachisale:
Powonjezera pa za maina, samalani ndi matanthauzo omwe Constantine amapereka. Ena ndi olondola: Zachlumia ndi "kuseri kwa phiri", za hlmom, zoonadi. Ena ndi ongolumikiza. Akuti Serb ndi kapolo m'chinenero cha Aroma, chifukwa chongofanana ndi servus. Akuti Pagani ndi mawu a Chisilavo otanthauza osabatizidwa, chikhalirecho gwero lake ndi paganus wa Chilatini, omwe Asilavo anabwereka. Izi zikutiuza kuti dzina loti Pagania linachokera kwa anansi achikhristu. Palibe fuko lomwe lingadzitche lokha akunja. Pa Mljet akunenanso kuti ndi Melita wa pa Machitidwe 28, pamene njoka inaluma Paulo padzanja, ngakhale kuti ambiri amati kunali ku Malta.

aMwale:
Funso lachiwiri la a Mbewe silinayankhidwe, loti anthu akumtunda anasanduka bwanji eni nyanja. Yankho lili pa mtunda wa dzikolo.

Kumbuyo kwa Makarska kwaima phiri la Biokovo, nsonga yake Sveti Jure ndi mamita 1,762, ndipo likutsika ngati khoma mpaka pafupi ndi madzi. Pakati pa phiri ndi nyanja patsala kamzere kopapatiza ka miyala, kokwanira maolivi, mphesa ndi mbuzi, koma osati tirigu wodyetsa fuko. Chigwa cha kumatsiriro kwa Neretva, chomwe lero ndi minda ya manachesi, nthawi imeneyo chinali dambo la bango ndi udzudzu. Mzinda wa Aroma wa Narona, pamudzi wa Vid kufupi ndi Metković, unali utafa kale. Msipu ndi minda yabwino zinali pazilumba. Mutu 30 ukunena mosabisa kuti zilumbazo zinali zachonde, zokhala ndi mizinda yosiyidwa ndi minda ya maolivi, ndipo kumeneko n'komwe ankaweta ziweto zomwe ankadalira. Kuchoka ku Makarska kukafika kunsonga ya Brač ndi makilomita ochepera 15. Munthu amene nkhosa zake zili kutsidya kwa madzi amaphunzira bwato asanaphunzire nkhondo.

Ndiponso sanayambire pa chabe. Asilavo anali kale ndi mabwato osema pa mtengo umodzi, omwe anawagwiritsa ntchito pozinga Constantinople pamodzi ndi ma Avar mu 626. Paul the Deacon, wolemba mbiri wa ku Italy wa m'zaka za m'ma 700, akulemba kuti mu 642 Asilavo anawoloka Adriatic ndi zombo zambiri n'kukafika ku Siponto ku Italy, anakumba mbuna mozungulira msasa wawo, hatchi ya Aio mtsogoleri wa Benevento inagweramo, n'kumupha. Sakunena kuti anali Aneretva, koma Siponto yayang'anizana ndi zilumba zomwezi. Bwato losema silingawoloke mtunda wotere ndi gulu lankhondo. Luso lokhoma zombo za matabwa analipeza kwa amisiri a kugombe omwe anatsala.

Za kukula kwa zombo, Constantine akupereka manambala pofotokoza za Acroatia: sagena inkanyamula amuna 40, kondura 20, kondura yaing'ono 10. Zombo za zigawo ziwiri za Pagania akuzitchulanso sagena. Ndi zombo zopalasa ndi nkhafi, zosalowa kwambiri m'madzi, zokokera pamchenga usiku.

Tsono onani njira ya amalonda. Madzi a Adriatic amayenda chokwera kumpoto m'mbali ya kum'mawa, ndipo mbali imeneyi ndiyo ili ndi madoko obisika, madzi akumwa ndi zilumba zotchinga mphepo. Gombe la Italy ndi lamchenga, lopanda pothawira. Chombo chodzaza katundu chochoka kum'mawa kupita ku Venice chinkayenda masana, n'kugona padoko, ndipo chinkadutsa m'mipata ya pakati pa Pelješac, Korčula, Hvar ndi Brač. Mphepo ya bura ikatsika m'mapiri mwadzidzidzi, chombo cha thanga chimathawira kugombe lapafupi. Mphepo ikaleka, chimangoima. Pa zonse ziwirizi wopalasa nkhafi ndiye mwini bwalo.

aChirwa:
A Mwale, pamenepo mwatsegula maso. Ndiike zaka zake kuchokera kwa John the Deacon, mlembi wa ku Venice wa kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1000, amene anatumikira Doge (mtsogoleri wa Venice) Pietro II Orseolo.

Cha mu 830 nthumwi ya Aneretva inapita kwa Doge Giovanni Participazio kukapangana mtendere, ndipo inabatizidwa komweko chifukwa inali isanalowe Chikhristu. Mtenderewo sunakhalitse: cha mu 834 anagwira amalonda a Venice ochokera ku Benevento n'kupha pafupifupi onse. Mu 839 Doge Pietro Tradonico anabwera ndi zombo, anapangana ndi Mislav wa ku Croatia, kenako anawolokera kuzilumba za Neretva kukapangana ndi Drosaico, yemwe akumutcha woweruza wa Mariani, kutanthauza anthu a kunyanja. Chaka chotsatira anabweranso kudzamenyana ndi Ljudislav, n'kutaya amuna oposa 100.

Chachikulu ndi cha mu 887. Doge Pietro I Candiano anatsogolera yekha zombo 12 kukafika pamalo otchedwa Mucules, omwe ambiri amati ndi Makarska. Anatsika ndi anthu ochepa, anathamangitsa omwe anawapeza, ndipo anayamba kuswa zombo zawo ndi nkhwangwa, zisanu. Ali pakati pa ntchitoyo eni dera anabwerera, n'kumupha pamodzi ndi anzake asanu ndi awiri pa 18 Seputembala. Mtembo wake unakaikidwa ku Grado. Anali atalamulira miyezi isanu yokha. Cholakwa chake chikuonekeratu kwa amene waona gombelo: pamchenga ulibe pobisala, ndipo phiri lili pamwamba pako.

Mu 948 Pietro III Candiano anatumiza zombo 33, osaphula kanthu. Zinatha mu 1000, pamene Orseolo ananyamuka ku Venice pa tsiku la Kukwera Kumwamba. Ali ku Zadar anamva kuti akuluakulu 40 a Aneretva akubwerera kuchokera ku Apulia komwe anakachita malonda, anatumiza zombo 10 zomwe zinawagwira pafupi ndi chilumba cha Sušac. Anawamasula atalonjezedwa kuti zombo za Venice sizidzavutitsidwanso, koma anatsala ndi asanu ndi mmodzi ngati chikole. Kenako analanda Korčula, n'kugwetsa linga la pa Lastovo.

Ndivomere chinthu chimodzi chomwe chikupweteka mbali yanga: John the Deacon, amene anthu ake anamenyana ndi Aneretva zaka 170, amawatchula Asilavo a ku Narenta. Mawu oti Aserbia sawagwiritsa ntchito pa iwo.

aGondwe:
Ndipo sawatchulanso Acroatia, tinene zonse. Amawasiyanitsa ndi Acroatia poyera, monga mu 839 pamene Doge anapangana mapangano awiri ndi atsogoleri awiri. Ndikunena izi chifukwa lero asilikali apamadzi a Croatia amakumbukira tsiku lawo pa 18 Seputembala potengera nkhondo ya mu 887, pomwe mabuku a ku Serbia amawerengera Pagania m'maiko a Aserbia potengera mutu 36. Mbali zonse zikufunsa anthu a m'zaka za m'ma 800 funso la m'zaka za m'ma 1800.

Taonaninso akuluakulu 40 aja: ankachokera kokachita malonda. Amene tikuwatcha achifwamba apanyanja anali amalonda opikisana ndi Venice, ndipo mbiri yawo inalembedwa ndi wopikisana nayeyo.

Naphiri:
Nkhani ya ubatizo isatsalire, poti ndiyo inawapatsa dzina. Mutu 32 ukuti Aserbia anabatizidwa m'nthawi ya Heraclius. Mutu 29 ukuti mafuko a m'derali anadzitayirira m'masiku a Michael II, amene analamulira 820 mpaka 829, ndipo Basil I, wa 867 mpaka 886, anatumiza ansembe atapemphedwa. Apagani okha anatsala osabatizidwa chifukwa dera lawo linali lamapiri ndi lovuta kufikako, kenako nawonso anatumiza uthenga kwa Basil yemweyo. Ngati anansi onse analowa mpingo iwo n'kutsala, ndiye kuti panalibe mfumu ya ku Serbia kapena ya ku Croatia yomwe inali ndi mphamvu zowakakamiza. Kumbukirani kuti Basil anali agogo ake a Constantine, choncho bukulo limamukometsera. Kubatizidwa kwa atsogoleri sikutanthauza kuti m'midzi ya pa Hvar miyambo yakale inatha chaka chomwecho.

Nankhoma:
Pali manambala ena m'mutu 30 omwe amanena zambiri mwa kusatchula Pagania. Basil I analamula kuti mizinda ya Aroma ya ku Dalmatia izipereka kwa Asilavo msonkho womwe inkapereka kwa mkulu wa asilikali: Split ndalama zagolide 200, Zadar 110, Trogir, Osor, Rab ndi Krk 100 uliwonse, zonse pamodzi 710. Dubrovnik inkalipira minda yake ya mphesa, 36 kwa mtsogoleri wa Zachlumia ndi 36 kwa wa Travunia. Ndalama imodzi inkalemera pafupifupi magalamu 4.5, ndipo 72 zinkakwana paundi imodzi ya Aroma, kotero Dubrovnik inkapereka paundi ya golide yogawidwa pakati. Pagania mulibe m'ndandandawu, chifukwa pakati pa Cetina ndi Neretva panalibe mzinda wa Aroma womwe unapulumuka. Narona ndi Muccurum zinatha ngati mizinda ya mabishopu. Anansi anali ndi mzinda wachikhristu pakhomo wowapatsa golide, ansembe ndi alembi. Aneretva analibe, ndipo n'chifukwa chake anachedwa kubatizidwa, anafuna chuma panyanja, ndipo sanasiye cholembedwa chilichonse chawochawo cha m'nthawi imeneyo.

Mutu 29 ukutchulanso mafuko omwe anawolotsedwa kukathandiza kuzinga Bari, mzinda wa ku Italy womwe unalandidwa kwa Aarabu mu 871: Acroatia, Aserbia, a ku Zachlumia, Travunia ndi Konavle, onyamulidwa ndi zombo za Dubrovnik. Fuko lomwe linali ndi zombo zake silikutchulidwa.

aMbewe:
Ndamva, akuluakulu. Nanga dzinalo linathera kuti? Pambuyo pa 1000 sitimvanso za Pagania.

aMwale:
Dzina lochokera kwa anansi linafa anthuwo atabatizidwa, koma la "anthu a kunyanja" linapitirira. M'zikalata za zaka za m'ma 1000 mukupezeka atsogoleri otchedwa a Mariani, ena akuchitira umboni pabwalo la mafumu a Croatia, ndipo Thomas, mkulu wa mpingo ku Split amene anamwalira mu 1268, akutchula dera la Maronia. Gombe la Makarska linadzatchedwa Krajina, kutanthauza dziko la m'malire, ndipo kwa nthawi yaitali linkayendera limodzi ndi Hum, Zachlumia wakale. Ntchito yapanyanja inasamukira ku Omiš, kwa banja la Kačić, lomwe m'zaka za m'ma 1100 ndi 1200 linkagwira zombo m'mipata yomweyo, pogwiritsa ntchito phompho la Cetina ngati pobisa zombo. Venice inatenga Omiš mu 1444.

Nachisale:
Ena mwa mawu oyamba omwe anthu a m'derali anadzilembera okha m'chilankhulo chawo ndi ochokera pa Brač. Ndi mwala wa pamwamba pa khomo la tchalitchi cha ku Povlja, wa mu 1184, wozokotedwa ndi zilembo za Cyrillic ndi mmisiri wotchedwa Radonja, ndi chikalata cha malo a amonke a pomwepo cha mu 1250, chomwe chimasungidwa ku Pučišća. Mukutchulidwa knez (mtsogoleri) Brečko, ma župan (akulu a župa), oweruza ndi minda yomwe inabwezedwa kwa amonke. Amene akufuna kuona mmene župa ya Constantine inkayendetsedwera mkati mwake ayambire pa chikalata chimenechi, awerenge maudindo ndi maina a minda, kenako abwerere ku mutu 30.